Bishopu Amene Chiswe Chinamudyera Dzina

Analibweretsa ndi a Sisitere Mwaziona
m'katoni ya sopo, Lachiwiri masana,
buku lonenepa, lothyoka msana.
Akuti mwini wake anali wansembe wa ku Ayalandi
amene tinamuika ku Kasisi chaka chatha.
"Mulisoke, a Kachingwe, libwerere pa shelefu."

Ine yanga ndi ulusi ndi guluu
kuno kuseri kwa Kamwala,
kumene sitima ikamadutsa
singano imavina yokha pa tebulo.
Zimene ndimasoka sindiwerenga.
Koma magetsi anapita,
makina odulira anangoti zii,
ndiye ndinatsegula pakati, nanga n'kutani.

Mabishopu okhaokha, ondandalikidwa ngati angongole,
a zaka mazana asanu ndi awiri kumbuyoko.
Ena tsamba lathunthu.
Uyu mizere inayi,
ndipo pa dzina chiswe chinadutsapo
n'kusiya kanjira kokhotakhota
ngati ka m'Chibolya mvula ikagwa.

Chotsala ndi ichi:
anali mlembi m'nyumba ya amonke,
anasankhidwa, ena n'kukana,
anapita ku Roma kukadandaula,
anabwerako, anamwalira mliri uli mkati.

Basi. Munthu yense wathera pamenepo.

Zinazi ndawonjezera ndekha, musandifunse umboni.
Ndikumuona zala zili bii ndi inki
monga zangazi zakakamira guluu,
akusongola nthenga ya tsekwe,
akupumira mpweya m'manja kuti afunde,
chikopa cha mwana wa ng'ombe chili yalu patsogolo pake.
Mpandowo mwina sankaufuna n'komwe.
Mwina ankaufuna mpaka kusowa tulo.

Ndikumuona m'ngalawa akusanza,
mapepala atawamangira pamimba kuti asanyowe.
Kavalo anamugulitsa phiri lisanathe,
nsapato zinathera m'njira.
Ndipo ku Romako, benchi.
Benchi imeneyo ndikuidziwa ine,
ndinaikhalira miyezi isanu ndi inayi
ndikulondola penshoni ya malemu mkazi wanga:
mubwere mawa,
abwana ali ku msonkhano,
fayilo yanu siikuoneka.
Chilatini chake cha mawu amenewa sindichidziwa
koma kulemera kwake m'mawondo ndi kumodzi.

Chidindo anachipeza ndithu.
Pofika kwawo, denga la tchalitchi linali phulusa,
ng'ombe za parishi zili m'khola la mwini malo,
mnzake uja atakhala kale pampando
ndipo ana obatizidwa ndi iyeyo akuyenda.
Chisoti chija anachivala zaka zingati?
Apanso chiswe chinalawa.

Kenako mliri.
Buku silinena ngati anatseka chitseko
kapena analowa m'nyumba zonunkha imfa
ndi mafuta m'kabotolo.
Ine ndinaona onse awiri nthawi ija ya zophimba pakamwa,
othawa ndi otsala,
ndipo ena anali munthu mmodzi yemweyo,
lero wathawa, mawa wabwerera ndi ndowa ya madzi.
Ndamuika m'gulu limenelo.

Kunja kondakitala akuitanira a ku Chawama.
Fumbi la Okutobala lalowa mpaka m'guluu.
Pa bowo paja ndamatapo kapepala kopyapyala,
koyera, kokwana dzina limodzi.
Cholembera chinali pafupi.
Ndinachinyamula, n'kuchibweza kukhutu.
Si ine womutcha munthu wa eni.

Lachisanu a Sisitere anabwera,
tinakangana pang'ono za mtengo,
anachotsapo makwacha makumi awiri.
Anagwedeza buku, tsamba silinagwe.
"Mwagwira ntchito," anatero, osatsegula.

Mabuku amene ndasoka pano ndi zikwi,
muli mafumu, ankhondo, oyera mtima,
langa dzina mulibe.
Muli ulusi wokha, mkati mwa msana,
kumene amafikako ndi chiswe basi.
Magetsi anabwera cha m'ma folo.
Ndinayatsa makina,
pa tebulo panali mabuku a malisiti a sitolo ya matayala.